Dick Pope, Wojambula Filimu ya William Kamkwamba

Dick Pope anali katswiri wa kamera wa ku Britain yemwe anajambula The Boy Who Harnessed the Wind, filimu yonena za William Kamkwamba wa ku Wimbe m'boma la Kasungu. Anabadwa mu 1947 ku Bromley ndipo anamwalira mu Okutobala 2024.

Ambirife tikaonera filimu timatama ochita sewero, mwinanso wotsogolera. Koma wosankha poima kamera, mbali yochokera kuwala ndi mitundu yoti maso aone ndi wojambula wamkulu. Imeneyi ndiyo inali ntchito ya Pope.

Anayambira pa mapologalamu a pa TV ojambula zochitika zenizeni, monga World in Action ndi Disappearing World. Kumeneko munthu amaphunzira kugwiritsa ntchito kuwala komwe wakupeza, osati komwe akanakonda. Kuchokera mu 1990, ndi filimu ya Life Is Sweet, anakhala wojambula wa Mike Leigh mpaka Hard Truths ya 2024. Leigh sayamba ndi nkhani yolembedwa kale; imapangika pamene akukonzekera ndi ochita sewero, choncho wojambula amafunika kukhala woleza mtima. Mu Naked ya 1993 Pope anafooketsa dala mitundu kuti London ioneke yozizira ndi yakuda. Mu Mr. Turner ya 2014 anatsanzira kuwala kwachikasu kwa zithunzi za J.M.W. Turner. Filimu imeneyi ndi The Illusionist ya 2006 zinachititsa kuti dzina lake lilowe pa mndandanda wa opikisana pa mphoto ya Oscar, ngakhale sanaipate.

Filimu ya ku Malawi, yomwe anatsogolera Chiwetel Ejiofor, inatuluka mu 2019 ndipo inajambulidwa konkuno. Nkhani yake ndi ya njala ya 2001 ndi 2002, ndipo inagawidwa motsatira nyengo za mlimi, kuyambira pa kufesa mpaka pa njala ndi mphepo. Chithunzi nacho chikutsatira nyengozo. Mvula ikamagwa kumaoneka konyowa ndi kolemera. Chilala chikafika zonse zimasanduka fumbi lofiirira, thambo loyera mbuu, anthu akuoneka ang'onoang'ono m'munda wouma. Mlimi wa kuno ku Namwera amene anadikirapo mvula mu Novembala safuna womasulira pamenepo. M'nyumba namo sanawalitse ngati muli magetsi: kuwala kumaoneka kolowera pakhomo kapena pawindo, monga zilili m'mudzi.

Kujambula njala ya eni ake n'kovuta, chifukwa kamera ya mlendo sichedwa kusandutsa anthu chinthu chomvera chisoni. Mwa kuona kwanga, Pope anapewa zimenezi pokhalitsa pa nkhope ndi pa manja ogwira ntchito, maka pamene William akusanthula dayinamo ya njinga. Chomwe chingatikhumudwitse ndi Chichewa cha ochita sewero ena akunja, koma limenelo si vuto la kamera.