Mthunzi wa netiweki: mbiri ya malo osalira foni ku Tsangano ndi Macanga

Akatswiri a za mafoni ku Mozambique ali ndi dzina la malo amene foni imangoti zii ngakhale batire ili yodzaza. Amati zona de sombra, dera la mthunzi. Mawuwa amamveka m'maofesi a makampani ndi m'zokamba za akuluakulu a boma, koma mlimi wa mbatata ya kachewere ku Tsangano kapena wa fodya ku Furancungo sawatchula. Iye amangoti netiweki yathawa, kapena posakaniza ndi Chipwitikizi, kuno kulibe rede. Ndipo amadziwa bwino pamene imabwerera: pachulu chakuti, pansi pa mtengo wakuti, pamtunda wa kuseri kwa tchalitchi.

Akatswiriwo sanalakwitse posankha dzinali. Nsanja ya netiweki, imene anthu a ku Mozambique amaitcha antena, ili ngati nyali ya usiku: chimene chili poyera chimawalitsidwa, chimene chili kuseri kwa phiri chimatsala mumdima. Mafunde a mafoni oyambirira a mtundu wa GSM amayenda pa 900 MHz ndi 1800 MHz, ndipo pamalo athyathyathya nsanja imodzi sipitirira makilomita 35 mwa malamulo a kapangidwe kake. Mafunde a nambala yotsika amayesako kukhota pa zitunda, a nambala yokwera amanyamula zambiri koma amafooka msanga. Mphamvu yake amaiyeza mu dBm. Foni yolandira -70 dBm imamveka ngati mnzako ali pakhonde pomwepo, koma ikatsikira ku -110 dBm mawu amaduka, ndipo munthu amangokhalira halo, halo, mukundimva?

Maboma awiriwa, Tsangano ndi Macanga, ndi a mapiri okhaokha. Tsangano yatsamira pa mapiri a Kirk Range amene amagawa madzi, ena kutsikira ku Shire, ena ku Zambezi, ndipo malire a Malawi ndi Mozambique m'chigawochi, ochokera pa mgwirizano wa Angerezi ndi Apwitikizi wa 1891, amatsata msana womwewo. Macanga, ndi likulu lake Furancungo, ili pachitunda chodulidwadulidwa ndi mitsinje. Midzi ndi madimba zili m'zigwa, kumene kuli madzi ndi dothi labwino. Netiweki ili pamwamba, kumene kuli mphepo ndi miyala. Ndiye kuti malo abwino kukhalamo ndi omwewo oipa kuimbiramo foni.

Komabe kuloza phiri chala n'kungothera pomwepo ndi kulinamizira. Mbiri ya dera lino ikusonyeza kuti mthunzi umagwanso pamene ndalama ndi boma zasankha kulambalala.

Kale Macanga sinali kuseri kwa chilichonse. Inali panjira yaikulu yochokera ku Tete kupita kumpoto, m'dziko la Undi, kumene kunkadutsa minyanga ya njovu, golide, nsalu, komanso anthu ogwidwa ukapolo. Banja la Caetano Pereira, lochokera ku Goa, linakhazikika kumeneko, ndipo mmodzi wa iwo, Manuel Caetano Pereira, anafika kwa Kazembe mu 1796. Patapita zaka ziwiri, Francisco de Lacerda ananyamuka ku Tete kutsata njira yomweyo, n'kukafera pafupi ndi mudzi wa Kazembe. Apaulendo ena, Monteiro ndi Gamitto, anadutsanso m'maiko a Amaravi mu 1831. Masiku amenewo uthenga unkayenda ndi miyendo ya amithenga ndi kulira kwa ng'oma, ndipo phiri linkangochedwetsa nkhani, silinkaitsekereza. Zidzukulu za Pereira zinasanduka mafumu a Macanga, zikulamula asilikali awo a Achikunda, mpaka mmodzi wa iwo, Chinsinga, anagonjetsedwa ndi Apwitikizi mu 1902.

Nthawi imeneyo n'kuti lamya itafika kale m'chigawochi, koma inadutsa kwina. M'zaka za m'ma 1890 kampani ya Cecil Rhodes, African Transcontinental Telegraph, inakoka waya kuchokera ku Rhodesia, kuwoloka Zambezi pa Tete, kukafika ku Blantyre. Wayayo ankalumikiza azungu a uku ndi a uko. Wa ku Furancungo amene mwana wake anapita kukagwira ntchito m'mafamu a ku Rhodesia kapena m'migodi ya ku Joni ankadikira kalata yobwera m'thumba la mnzake wobwerera kumudzi, n'kukapeza mphunzitsi kapena katekisiti woti amuwerengere.

Ufulu wa 1975 sunapeze mpata wokonza zimenezi. Kampani ya boma ya mafoni, TDM, inakhazikitsidwa mu 1981 nkhondo ya Frelimo ndi Renamo ili mkati, ndipo Tsangano inapatsidwa udindo wokhala boma palokha, kupatuka ku Angónia, mu 1986, chaka chimene nkhondo inafika poipa kumpoto kwa Tete. Midzi inasamuka yathunthu kupita ku Ntcheu, Dedza ndi Mwanza, ndipo othawa nkhondo m'Malawi anafika pafupifupi miliyoni imodzi. Nkhani za kumudzi, za amene watsala moyo ndi amene wapita, zinkabwera ndi anthu olimba mtima owoloka usiku kukaona minda. Pamene mtendere unasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, obwerera anapeza milatho yogumuka ndi misewu yokayikitsa chifukwa cha mabomba okwirira. Anabwereranso ndi zizolowezi zatsopano: kumvera MBC, kuwerengera malonda mu kwacha, kupita kuchipatala cha kutsidya.

Choncho foni za m'manja zitabwera, sizinadabwitse kuti ambiri a m'malire anayamba kulankhulira pa nambala za +265 osati +258. TNM inayamba ku Malawi mu 1995, Celtel mu 1999, imene inadzakhala Zain kenako Airtel. Msewu wa M1 pakati pa Dedza ndi Ntcheu umayenda m'malire mwenimweni, mwakuti pa Lizulu munthu amagula tomato ku Mozambique n'kukakwera minibasi ku Malawi pongowoloka tala. Nsanja zomangidwira apaulendo a pamsewuwo zinkaponya mafunde mbali zonse, poti mafunde safunsidwa chiphaso pachipata cha Biriwiri. Ku Mozambique mCel inayamba mu 1997 ndipo Vodacom mu Disembala 2003, koma onse anathamangira Maputo, mizinda ikuluikulu ndi misewu ya tala, kumene nsanja imabweza ndalama zake msanga. Mlimi wa ku Tsangano wofuna kudziwa mtengo wa thumba la kachewere ku Blantyre analibe chifukwa chodikira Maputo.

Macanga, imene mbali yake yaikulu ili kutali ndi msewu wotere, inalibe mwayi wobwereka.

Chimene chinasuntha mthunzi kwambiri ndi kampani yachitatu. Movitel inatsegula malonda ake mu Meyi 2012, mwini wake wamkulu ali Viettel, kampani ya unduna wa za chitetezo ku Vietnam, mogwirizana ndi SPI ya ku Mozambique. Inayambira kumene anzake ankathera. Patsiku lotsegulira inali itayala kale waya wa fibre wa makilomita oposa 12,000 ndi nsanja pafupifupi 1,800, zambiri m'madera akumidzi, ndipo ogulitsa ake ankayenda khomo ndi khomo ndi makadi. Nambala zake zoyamba ndi 86 ndi 87 zinadzaza m'midzi imene 82 ndi 84, za mCel ndi Vodacom, zinali za aphunzitsi ndi anamwino okha, oimba akapita kuboma kukalandira malipiro. Phiri silinasunthe ngakhale phazi limodzi. Chinasintha ndi kawerengedwe ka phindu ka amene amamanga nsanja. Makampani akale aja, TDM ndi mCel, atalemedwa ndi ngongole, pofika 2019 anali ataphatikizana kukhala Tmcel.

Lero mawu oti netiweki palibe amabisa matenda osiyanasiyana, ndipo katswiri akawamva amayamba wafunsa mafunso. Nthawi zina ndi mthunzi weniweni uja, foni yosaona nsanja. Nthawi zina timizere tonse tilipo koma foni sikulowa, chifukwa patsiku la msika kapena nyengo yogulitsa fodya, pamene alimi ochita mgwirizano ndi Mozambique Leaf Tobacco alandira ndalama zawo, anthu mazanamazana amapanikizana pa nsanja imodzi. Apo vuto si mtunda koma kuchepa kwa malo, ndipo kukwera pachulu sikuthandiza kanthu. Nthawi zinanso nsanja ili bwinobwino koma yasiyidwa yokha: waya wa fibre wadulidwa ndi moto wolusa, mvula kapena khasu la wokonza msewu, kapena jenereta yatha dizilo. (Izi zikuchitika m'chigawo chomwe muli damu la Cahora Bassa, la mphamvu ya 2,075 MW, limene magetsi ake ambiri amayenda makilomita oposa 1,400 kupita ku South Africa.)

Palinso mthunzi wina watsopano umene akale sankaudziwa. Foni ikulira, mawu akumveka, koma pakona pali kachilembo E m'malo mwa 4G. Kwa wongofuna kulengeza maliro n'zokwanira. Kwa mphunzitsi wotumiza mafomu kuboma, kapena mayi woyembekezera chithunzi cha mdzukulu pa WhatsApp kuchokera ku Johannesburg, kachilemboko n'chimodzimodzi kusowa netiweki. Ndipo chiyambire ndalama kuyenda pa foni, ndi mKesh mu 2011, M-Pesa mu 2013, kenako e-Mola, kufooka kwa rede kwasanduka nkhani ya m'thumba. Wogula wakweza matumba pa lole, akuti watumiza ndalama, koma uthenga wotsimikiza sunafike pafoni ya mlimi. Lole inyamuke kapena idikire? Mikangano yotere ndi imene imasonyeza mtengo weniweni wa chigwa chopanda nsanja. Boma lili ndi thumba lothandizira madera osapindulitsa makampani, Fundo do Serviço de Acesso Universal, pansi pa bungwe loyang'anira za mauthenga la INCM, koma zigwa n'zambiri kuposa ndalama zake. Starlink, imene inayamba kugwira ntchito ku Mozambique mu 2023, imalandira kuchokera kumwamba ndipo phiri siliivutitsa kwenikweni, kungoti mtengo wa mbale yake ndi wa mabungwe ndi amalonda, osati wa mlimi wa dimba limodzi.

Mithunzi ina imachokera kutali kwambiri moti wa ku Chidzolomondo kapena ku Ntengo-wa-Mbalame sangaiganizire. Pa 12 Meyi 2024 mawaya awiri a pansi pa nyanja, EASSy ndi Seacom, anaduka kufupi ndi gombe la kumwera kwa Africa, ndipo intaneti inayenda mwaulesi ku Mozambique, Malawi, Tanzania ndi Kenya kwa masiku angapo. Ina imachokera kwa anthu. Mu Seputembala 2010, anthu a ku Maputo atachita zipolowe zodana ndi kukwera kwa mtengo wa buledi, zimene zinamemezedwa pa mauthenga a foni, mauthengawo anatsekedwa kwa kanthawi, ndipo posakhalitsa boma linalamula kuti khadi lililonse lilembetsedwe m'dzina la mwini wake. Pa 25 Okutobala 2024, mkangano wa zotsatira za chisankho utabuka, intaneti ya pafoni inadulidwa, ndipo m'masabata otsatira Facebook ndi WhatsApp zinkatsekedwatsekedwa. Timizere tinali todzaza, nsanja zili chilili, koma palibe chinkadutsa.

Kutsekako kunakhudza makampani a ku Mozambique okha, osati nsanja za TNM ndi Airtel za ku Ntcheu, ndiye foni ya makadi awiri, lina la 86 lina la 099, imene ndi yofala m'midzi ya m'malire, inaonetsanso ntchito yake. Koma khomo limenelo nalo lachepa. Kuyambira 2018 bungwe la MACRA limafuna kuti khadi lililonse la ku Malawi lilembetsedwe ndi chiphaso, ndipo kwa wa ku Tsangano wopanda chitupa cha unzika cha Malawi, njira yachidule ndi kupempha msuweni kapena mlamu wa kutsidya kuti amulembetsere m'dzina lake.