Za Kubwerekana Magemu, Kuyambira pa Katiriji Kufikira pa Akaunti

Mwambo wobwerekana magemu udabadwa pamodzi ndi katiriji. Makina ambiri osewerera amene adayamba kulowa m'nyumba za anthu ku America, monga aja a Pong, adadza ndi masewera omangidwira m'kati, kotero kuti wofuna kubwereketsa mnzake akadayenera kusenza makina onse ndi nthambo zake zomwe. Koma m'chaka cha 1976, pamene kampani ya Fairchild idatulutsa makina otchedwa Channel F, amene ntchito yowakonza adaitsogolera mmisiri Jerry Lawson, ndiponso m'chaka chotsatira, pamene Atari idatulutsa makina amene adadzatchuka ndi dzina loti 2600, gemu idapatukana ndi makina, nikhala kanthu kapulasitiki kokwana m'chikwama cha mabuku, koti mwana wa sukulu n'kukapereka kwa mnzake pa nthawi yopuma osapempha chilolezo kwa wina aliyense, kupatula mwina amayi ake amene adakagula.

M'masiku amenewo, makamaka Nintendo itafalitsa makina ake a Famicom ku Japan mu 1983 ndi a NES ku America mu 1985, mwambowu udali ndi malamulo ake osalembedwa, amene ana adawasunga koposa a aphunzitsi awo. Mwini katiriji ankalemba dzina lake kumbuyo kwake ndi inki yosafufutika. Wobwereka ankayembekezeka kudza ndi yake yosinthanitsa, pakuti kupatsa n'kuika. Ndipo wochedwa kubweza mbiri yake inkawanda m'kalasi monse. Pamene makatiriji adayamba kukhala ndi kabatire kosunga pomwe wosewera walekezera, monga The Legend of Zelda imene idafika ku America mu 1987, padabuka tchimo latsopano, lofufuta ulendo umene mwini wake adaukhetsera thukuta masabata ambiri. Zelda idali ndi malo atatu osungira, choncho wobwereka waulemu ankapeza pokhala. Koma Pokémon yoyamba ya mu 1996 idali ndi malo amodzi okha, ndipo mlendo wosunga masewera ake pamenepo ankapha a mwini nyumba. Pa nyengo yonseyi pali chinthu chimodzi choyenera kuchigwiritsa, pakuti zonse zotsatira zatsamira pa icho: wobwereketsa ankasowa. Katiriji ikagona kwa mnzake, kwake kunkakhala kulibe, ndipo kusowa kumeneku ndiko kunkalemekeza mphatsoyo, ndikonso kunkaiikira malire popanda wolondera.

Lamulo la dziko lidali kumbali ya anawo, ngakhale iwo sadalidziwe. Kale mu 1908, pa mlandu wa Bobbs-Merrill ndi Straus, pamene sitolo ya Macy's idagulitsa pa masenti 89 buku limene osindikiza adalamula kuti lisatsike pa dola imodzi, khoti lalikulu la ku America lidagamula kuti mphamvu ya mwini luso pa kope limodzi imatha pamene waligulitsa koyamba. Kuyambira pamenepo wogula ndiye mwini, angathe kuligulitsa, kulibwereketsa kapena kulipereka kwa mphwake. Eni magemu sadakondwere nawo ufulu umenewu utafika pa katundu wawo. Ku Japan, lamulo la umwini wa luso litasinthidwa mu 1984, malonda obwereketsa magemu ndi ndalama adafota. Ku America Nintendo idalimbana ndi masitolo a Blockbuster, niwasumira mu 1989, osati pa kubwereketsako, pakuti pamenepo padalibe pogwira, koma pa kukopera timabuku ta malangizo. Ndipo pamene aphungu adaletsa kubwereketsa mapulogalamu a kompyuta ndi ndalama mu 1990, makatiriji a makina osewerera adawapatula. Ngakhale ku Japan komweko, khoti lalikulu lidagamula mu 2002 kuti kugulitsa magemu ogwiritsidwa kale ntchito si mlandu.

Za nyengo ya zimbale, imene PlayStation idaikhazikitsa kuyambira 1994, sitichulukitsa mawu, pakuti chimbale, kungakhale kukandika kwake kudadanitsa mabwenzi ambiri, chidali chinthu chogwirika monga katiriji, choyenda m'manja ndi m'manja. Malonda a zimbale za kaunjika adalemeretsa masitolo monga GameStop, kufikira kuti mu 2010 Electronic Arts idayamba kuika m'bokosi nambala yogwira ntchito kamodzi kokha, kuti wogula wachiwiri alipire madola 10 asanasewere ndi anzake pa intaneti. Anthu adaida njira imeneyi, ndipo mu 2013 idalekeka.

Kusintha kwenikweni kudadza mwakachetechete, pakuti chakudza sichiimba ng'oma. Mu 2003 kampani ya Valve idatsegula Steam, imene idadzakhala sitolo ya magemu a pakompyuta yopanda khomo kapena alumali. Xbox 360 mu 2005 ndi PlayStation 3 mu 2006 zidadza ndi masitolo awo a pa intaneti. Ndipo munthu adayamba kugula gemu ali pampando wake, osalandira kanthu kalikonse m'manja. M'mapangano aatali aja, amene aliyense amawavomera osawawerenga, mudalembedwa kuti wogulayo sadagule gemu ayi, koma chilolezo choisewera, chomangiriridwa ku akaunti yake, chosagulitsika ndi chosapatsika. Komatu mtima wogawana sufa ndi chikalata. Sony, pofuna kuti munthu wokhala ndi makina angapo asavutike, idalola kuti gemu yogulidwa kamodzi itsegulidwe pa makina a PlayStation 3 asanu. Ndipo achinyamata sadachedwe kuwerenga bwino chiwerengerocho, nasonkhana asanuasanu, ena osadziwana n'komwe nkhope, kusonkherana mtengo wa gemu imodzi ndi kupatsana dzina la akaunti ndi pasiwedi. Apa mpamene kubwerekana kudataya kusowa kwake, pakuti onse asanu ankasewera tsiku limodzi popanda womanidwa. Sony idapenya zimenezi zaka zisanu, ndipo pa 18 November 2011 idatsitsa chiwerengerocho kufika pa makina awiri.

Chaka cha 2013 ndicho chiyenera kufotokozedwa modekha. Microsoft, poonetsa Xbox One, idalengeza kuti ngakhale gemu yogulidwa pa chimbale idzamangiriridwa ku akaunti. Kuti makinawo adzayenera kulumikizana ndi intaneti kamodzi pa maola 24 aliwonse, apo ayi magemu adzatsekeka. Ndiponso kuti munthu adzatha kupereka gemu yake kamodzi kokha, kwa bwenzi limene lakhala pa mndandanda wake masiku 30. M'malo mwa ufulu wolandidwawo idalonjeza china chimene sichidaonekepo pa makina otere: kuti anthu okwana khumi a pabanja adzatha kusewera magemu a mwini akaunti pa Xbox One iliyonse, kulikonse kumene ali. Anthu sadamve lonjezolo, adamva chingwe cha maola 24, makamaka asilikali okhala kutali ndi kwawo ndi onse a kumadera kumene intaneti imabwera ndi kupita monga ifuna. Tsono pa 10 June, pa chionetsero cha E3 ku Los Angeles, Sony idalengeza kuti PlayStation 4 siidzaletsa zimbale zakale, khamu niliomba m'manja. Ndipo idatulutsa kanema wa masekondi ochepa wophunzitsa kubwereketsa gemu, m'mene Shuhei Yoshida angotambasula dzanja kupereka bokosi kwa Adam Boyes, uyu nathokoza, phunziro n'kuthera pomwepo. Pa 19 June, masiku asanu ndi anayi okha atapita, Don Mattrick wa ku Microsoft adalengeza kuti malamulo onse aja achotsedwa. Koma pamodzi nawo lidachotsedwanso lonjezo la anthu khumi. Ine ndiyesa kuti anthu adachita bwino kukana chingwecho, pakuti fodya wako ndi amene ali pamphuno, ndipo chimbale chidali m'manja pamene lonjezo lidali pakamwa. Komabe n'zoona kuti kufikira lero palibe kampani ya makina osewerera imene idaperekanso kugawana kotakasuka monga kumene kudakwiriridwa tsiku limenelo kusanayesedwe.

Chimene chidatsala ndi kakhomo kakang'ono, ndipo mwambo wa masiku ano udalowera pamenepo. Akaunti iliyonse iloledwa kusankha makina amodzi kukhala a kunyumba kwake, ndipo aliyense wosewera pa makina amenewo angathe kutsegula magemu onse a mwini akaunti, ngakhale popanda intaneti. Mwini wakeyo, akakhala pa makina ena alionse, angathenso kusewera magemu ake, malinga walowa ndi dzina lake ndipo intaneti ilipo yomuchitira umboni. Malamulo awiriwa adakonzedwera banja la pa denga limodzi ndi munthu wa paulendo, koma abwenzi awiri adaona kuti akawaphatikiza atulukapo ndi phindu. Woyamba amalowa ndi akaunti yake pa makina a mnzake nawatcha a kunyumba kwake, wachiwiri nachita chimodzimodzi pa makina a woyamba. Kuyambira pamenepo aliyense amasewera magemu a mnzake monga mwana wa m'nyumba, ndi magemu ake omwe monga mlendo, ndipo gemu imene mmodzi wagula onse awiri angathe kuisewera pa ola limodzi, ngakhale kupikisana pa iyo, wina ali ku Leeds wina ku Johannesburg. Makampani adziwa zimenezi, ndipo m'malo motseka khomolo adaliikira muyeso: Microsoft ilola kusintha makina a kunyumba kasanu pa chaka, ndipo Sony ilola kuchotsa makina onse uli patali kamodzi pa miyezi isanu ndi umodzi.

Taonani tsono kusiyana kwa kulemera kwa miyambo iwiriyi. Wobwereketsa katiriji adali ngati wobwereketsa khasu, limene likathyoka watayapo khasu lokha. Koma wopereka akaunti wapereka kiyi wa nyumba yonse, pakuti m'menemo muli magemu a zaka khumi, dzina lake pakati pa osewera anzake, ndipo kawirikawiri khadi lake la kubanki. Mapangano a makampani aletsa kuuza wina pasiwedi, choncho zinthu zikaipa palibe kodandaula. Ubwenzi ukasokonekera, wina angathe kudzuka m'mawa napeza theka la magemu ake latsekeka. Ndipo intaneti ikaduka, kapena makompyuta a kampani akagwa monga adagwera a Sony ndi a Microsoft pa Khrisimasi ya 2014, mwini gemu ndiye wotsekeredwa kunja, pamene mnzake amene sadalipire kanthu asewera mosatekeseka. Walira mvula walira matope. Owerenga athu amene adziwa mtengo wa bandulo ndi kuthawathawa kwa netiweki aona okha kuti mwambo umenewu udasokedwera anthu a maiko ena. Tionjezepo kuti malire a makampani sadumphika: gemu yogulidwa pa PlayStation siitseguka pa Xbox, ngakhale osewera a mbali ziwirizo akumane m'bwalo limodzi la Fortnite.

Valve idasankha kulemba mwambowu m'malamulo ake poyera. Kuyambira 2014 munthu ankatha kubwereketsa magemu ake onse kwa maakaunti asanu, koma mwini akangoyamba kusewera gemu iliyonse, wobwereka ankapatsidwa mphindi zochepa kuti atuluke. Mu 2024 dongosolo la Steam Families lidalola anthu asanu ndi mmodzi kusewera magemu osiyana pa nthawi imodzi, kope limodzi munthu mmodzi, koma wotuluka m'banja lotere adikire chaka chiyambire pamene adalowa asanalowe m'banja lina, ndipo wobwereka akagwidwa akuchita chinyengo m'masewera, chilango chigweranso mwini gemu. Nintendo ndiyo idachita chodabwitsa koposa. Mu April 2025 idayambitsa makadi a gemu osagwirika pa makina a Switch, amene munthu angathe kubwereketsa kwa wa m'gulu la banja lake, gulu losapitirira anthu asanu ndi atatu; makina awiriwo ayenera kukhala pafupi pa nthawi yopatsana, wobwereka alandira gemu imodzi yokha, mwini wake sangaisewere kufikira itabwerera, ndipo pakatha masiku 14 imabwerera yokha. Amisiri a Nintendo adakhala pansi nakonza ndi nzeru zawo kusowa kumene pulasitiki inkapereka mwachibadwa, nabweza ngakhale lamulo loti obwerekana aonane maso ndi maso. Chimene adachotsapo ndi mwana wochedwa kubweza.

Funso la umwini lidafika ndithu ku makhoti. Mu 2012 khoti la mgwirizano wa maiko a ku Ulaya lidagamula, pa mlandu wa UsedSoft ndi Oracle, kuti chilolezo cha pulogalamu yogulidwa pa intaneti chingathe kugulitsidwanso. Potsamira pamenepo bungwe la ogula la ku France, UFC-Que Choisir, lidapambana Valve mu 2019, koma khoti la apilo lidasintha chigamulocho mu 2022, ndipo khoti lalikulu la dzikolo lidavomereza kusinthako mu 2024. Boma la California lidangolamula kuti, kuyambira 2025, sitolo yolemba mawu oti kugula iuze wogula poyera kuti chimene alandira ndi chilolezo. Ndipo pamene wosewera wina adafunsa a Steam mu 2024 ngati angathe kusiyira wina akaunti yake mu wilo, adamuyankha kuti akaunti siipatsika ngakhale mwa njira imeneyo. Kotero kuti mbadwo woyamba umene udakula ukugula magemu pa intaneti, umene tsopano uli ndi ana ndi imvi zomwe, uli ndi magemu mazanamazana amene, pa tsiku logawa chuma cha masiye, sadzawerengedwa pamodzi ndi mipando ndi njinga, pokhapokha malemuyo atasiya pasiwedi yolembedwa pa pepala, chimene mapangano omwewo achiletsa.