Amisiri Obisika Olumikiza Zithunzi za Kanema

Ndili mnyamata ku seminale yaing'ono, tsiku lina madzulo anatisonkhanitsa m'holo kuti tionere kanema wa mbiri ya Mose, wotchedwa The Ten Commandments. Pamene Mose anatambasula dzanja, nyanja n'kugawikana, madzi n'kuima uku ndi uku ngati zipupa, holo yonse inangoti zii. Apo mayi ena achikulire amene ankatiphikira, ataima pakhomo, anafunsa mokweza kuti: "Kodi wojambulayo anaima pati kuti madziwo asamukokolole?" Tonse tinaseka, koma panalibe ndi mmodzi yemwe mwa ife amene akanatha kuwayankha. Yankho lake lili m'mbiri ya amisiri ena amene ntchito yawo ndiyo kulumikiza zithunzi, amene pa Chingerezi amatchedwa compositor.

Tiyambe ndi kukumbukira kuti kanema sayenda. Ndi zithunzi zoima, 24 pa sekondi iliyonse, zimene zimatsatana msangamsanga kotero kuti diso limaona ngati zikuyenda. Mlumikizi amatenga zidutswa zojambulidwa pa malo osiyana ndi pa nthawi zosiyana, munthu apa, phiri apo, moto uko, n'kuzisoka pamodzi kuti zikhale chithunzi chimodzi. Ali ngati telala waluso amene msoko wake suoneka. Akaigwira bwino ntchito yake, palibe amene amadziwa kuti iye anagwirapo.

Kholo la amisiri amenewa ndi Georges Méliès, amene anabadwa ku Paris m'chaka cha 1861. Bambo ake anali ndi fakitale ya nsapato, koma iye mtima wake unali pa masewera odabwitsa maso, ndipo m'chaka cha 1888 anagula nyumba ya zisudzo yotchedwa Robert-Houdin. Abale awiri a banja la Lumière atayamba kuonetsa kanema m'chaka cha 1895, Méliès anaona msanga kuti makinawo angathe kuonetsa ngakhale zinthu zimene sizinachitike. Iye mwini ankasimba kuti tsiku lina akujambula mumsewu makina ake anaima pang'ono, kenaka n'kuyambanso. Poonera zimene anajambulazo, anapeza kuti galimoto la anthu lasanduka mwadzidzidzi ngolo yonyamula maliro.

Kuchokera apo anaphunzira kujambula kangapo pa filimu imodzimodzi. Ankaphimba mbali ina ndi nsalu yakuda, n'kujambula, n'kubweza filimuyo m'mbuyo, n'kujambulanso pa mbali imene inatsala. M'chaka cha 1898 anadzionetsa akuzula mutu wake katatu n'kuika mituyo patebulo. M'chaka cha 1899 anajambula Ambuye Yesu akuyenda pamadzi, ndipo m'chaka cha 1902 anatulutsa kanema wake wotchuka wa ulendo wa ku mwezi. Onse pamodzi anapanga makanema oposa 500.

Mathero ake ndi omvetsa chisoni. Ngongole zinamupanikiza, ndipo pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse mafilimu ake ambiri anasungunulidwa kuti atengemo siliva, zotsalazo n'kupangira zidendene za nsapato za asilikali. M'chaka cha 1923, atataya mtima, anatentha ndi manja ake mafilimu amene anamutsalira. Mwana wa mwini fakitale uja anayamba kugulitsa maswiti ndi zidole pa siteshoni ya sitima ya Montparnasse. Anthu anadzamukumbukira atakalamba kale, boma la France n'kumupatsa mendulo ya ulemu m'chaka cha 1931. Anamwalira m'chaka cha 1938.

Ku America luso limeneli linakula m'manja mwa Linwood Dunn, wa kampani ya RKO, amene anagwira ntchito pa makanema a King Kong m'chaka cha 1933 ndi Citizen Kane m'chaka cha 1941. Iye anakonza bwino makina amene mbali ina amaonetsa filimu, mbali ina amaijambulanso, chithunzi chimodzichimodzi. Ndi makina otere mmisiri ankatha kudula chithunzi cha munthu n'kuchiika pa malo amene munthuyo sanapondepo. Kulakwitsa pang'ono kunkatanthauza kuyambiranso ntchito ya masiku ambiri. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo kudekha ndicho chinali chida chachikulu cha amisiriwa.

Tsono tingathe kuwayankha mayi aja. Wojambula sanaime m'nyanja iliyonse. Kanema wa Mose uja anatuluka m'chaka cha 1956, motsogozedwa ndi Cecil B. DeMille, ndipo za nyanjazo anaziyang'anira ndi John P. Fulton. Amisiri anakhuthula madzi ochuluka m'thanki lalikulu ku Hollywood, n'kuwajambula akugwa kuchokera mbali ziwiri ndi kukumana pakati. Filimuyo ataiyendetsa chobwerera, madziwo anaoneka ngati akulekana. Khamu la Aisraele linajambulidwa palokha, mitambo payokha, ndipo zonsezi anazilumikiza pambuyo pake. Mphoto imodzi yokha ya Oscar imene kanemayo analandira inali ya ntchito imeneyi.

Kompyuta itafika, mpeni ndi utoto zinalowedwa m'malo, koma ntchito inakhala yomweyo. M'chaka cha 1993 anthu anaona zilombo zamakedzana zikuthamanga mu Jurassic Park. Chaka chotsatira, mu Forrest Gump, anaona Tom Hanks akugwirana chanza ndi Pulezidenti Kennedy, amene anali atamwalira m'chaka cha 1963. Mlumikizi wa masiku ano amakhala m'chipinda cha mdima, maso ali pa kompyuta. Amachotsa nsalu yobiriwira imene inali kumbuyo kwa wosewera, amafufuta zingwe zimene zinamunyamula, amalinganiza kuwala ndi mithunzi, ngakhale tsitsi lenileni amalitsata limodzilimodzi. Kachigawo kamene ife timakaona kwa masekondi asanu kangathe kumudyera masabata.

Nanga mphotho ya thukuta limeneli? M'chaka cha 2012 kunatuluka kanema wa Life of Pi, wa mnyamata wotsala m'bwato pamodzi ndi kambuku wamizeremizere wa ku India. M'zigawo zambiri chilombocho chinali chopangidwa pa kompyuta ndi amisiri a kampani ya Rhythm & Hues. Kanemayo anapeza ndalama zoposa madola 600 miliyoni. Komabe mu February 2013 kampaniyo inalengeza kuti yagwa ndi ngongole, ndipo antchito ambiri anachotsedwa. Patapita masabata awiri okha, pa 24 February, amisiri ake analandira mphoto ya Oscar. Mtsogoleri wawo, Bill Westenhofer, atangoyamba kutchula za mavuto a anzake, nyimbo inamuphimba mawu ndipo anamuzimitsira maikolofoni. Tsiku lomwelo mazana a amisiri anali atachita zionetsero m'misewu ya Hollywood. Gwero la vutoli linali lakuti makampani otere amagwirizana mtengo ntchito isanayambe, ndipo eni kanema akasintha maganizo, ntchito imachuluka koma ndalama sizichuluka. Kuwonjezera apo, ntchito imasamukira ku mizinda monga Vancouver ndi London, kumene maboma amachepetsa misonkho, ndipo mmisiri amaitsatira, banja lake n'kutsala.

Mbiri imeneyi ikutifunsa mafunso awiri. Loyamba ndi la chilungamo. Papa Yohane Paulo Wachiwiri, m'kalata yake ya Laborem Exercens ya m'chaka cha 1981, anaphunzitsa kuti munthu wogwira ntchito ndi wofunika kuposa chuma chimene ntchitoyo imabala. Méliès pa siteshoni paja ndi amisiri a kambuku aja anakumana ndi tsoka limodzi: ntchito yawo inatamandidwa, iwo eni ake n'kuiwalika. Kodi sitichita chimodzimodzi ndi amene amatiphikira, amene amasesa m'tchalitchi, amene amachapa nsalu za pa guwa? Timawakumbukira tsiku limene alakwitsa.

Funso lachiwiri ndi la choona. Fulton sananamize munthu, pakuti dziko linkadziwa kuti akusimba nkhani. Koma luso lomwelo lero lili m'manja mwa aliyense amene ali ndi foni, ndipo lingathe kuika nkhope ya mnzathu pa malo amene sanapiteko, ndi mawu amene sanalankhule. Msonkhano Wachiwiri wa ku Vatican, m'chikalata cha Inter Mirifica cha m'chaka cha 1963, unanena kuti woonera nayenso ali ndi udindo wosankha ndi kuweruza zimene akuona. Wotumiza chithunzi chabodza kwa anzake akuchita umboni wonama, ngakhale sanatsegule pakamwa.

Mayi aja anafunsa funso loyenera, ndipo ife amene tinaseka ndife tinali osadziwa. Tisanakhulupirire chithunzi ndi kuchifalitsa, tizifunsa monga iwo kuti wojambulayo anaima pati. Ndipo kanema akatha, tisafulumire kunyamuka. Maina ang'onoang'ono amene amayenda pa mapeto aja ndi a anthu enieni, okhala ndi ana ndi ngongole zawo. Tiwerengeko angapo, ndi kuwapereka m'manja mwa Yosefe Woyera, mmisiri wa ku Nazarete.