Chamba chochita kupanga

Chamba chochita kupanga ndi gulu la mankhwala osokoneza bongo omwe amapangidwa ndi makemikolo m'malo mochokera ku chomera cha chamba. Akatswiri a sayansi amawatchula kuti ma synthetic cannabinoid, ndipo ogulitsa amawapatsa mayina monga Spice, K2, Black Mamba ndi Kronic. Mankhwalawa amagwira ntchito pa mbali za ubongo zomwe chamba chenicheni chimafikanso, koma ambiri mwa iwo ndi amphamvu kwambiri kuposa chamba ndipo apha anthu m'mayiko ambiri. Kuopsa kwake kwagona poti wosuta sadziwa kuti m'paketi muli kemikolo iti, ndiponso yochuluka bwanji.

Mbiri yake

Mu 1964, Raphael Mechoulam ndi Yechiel Gaoni a ku Israel adapeza kapangidwe ka THC, kemikolo ya m'chamba yomwe imaledzeretsa. Kuchokera apo, asayansi adayamba kupanga makemikolo ofanana nayo pofuna kumvetsa momwe imagwirira ntchito m'thupi komanso pofufuza mankhwala atsopano opha ululu. Kampani ya Pfizer idapanga makemikolo a gulu la CP, ndipo gulu la Mechoulam pa Hebrew University lidapanga HU-210 mu 1988. John W. Huffman wa pa Clemson University ku America, pamodzi ndi anzake, adapanga makemikolo oposa 400 omwe mayina awo amayamba ndi zilembo za dzina lake, monga JWH-018. Onsewa adali a kafukufuku basi, osati oti anthu azisuta.

Popeza kapangidwe kake kadalembedwa m'magazini a sayansi, anthu ena adayamba kuwapanga kuti azigulitsa. Cha m'ma 2004, timapaketi ta Spice tidayamba kupezeka ku Ulaya, m'masitolo ndi pa intaneti. Ogulitsa ankati ndi zitsamba zachilengedwe kapena lubani, ndipo pa paketi ankalemba kuti si zoti munthu adye kapena kusuta, pofuna kuzemba malamulo. Mu Disembala 2008, kampani ya THC Pharm ya mumzinda wa Frankfurt ku Germany idayeza Spice ndi kupezamo JWH-018. Apa mpomwe padadziwika kuti chomwe chinkaledzeretsa anthu si zitsambazo ayi, koma kemikolo yomwe idathiridwa pamwamba pake.

Kapangidwe ndi maonekedwe

Makemikolowa amakhala ngati ufa. Opanga amasungunula ufawo m'madzi amphamvu monga acetone, kenaka n'kuwaza pa masamba ouma a zomera zina. Akauma amawalongedza m'timapaketi tonyezimira. Ntchito ya masambawo ndi kungonyamula mankhwala kuti asutike ngati fodya. Chifukwa choti kuwazako sikukhala kofanana, mbali ina ya paketi imatha kukhala ndi mankhwala ochepa pomwe ina ili ndi ochuluka moti angathe kupha. Mapaketi awiri a dzina limodzi amathanso kukhala ndi makemikolo osiyana kotheratu.

Ena amasakaniza mankhwalawa m'madzi a ndudu zamagetsi. Ena amanyika mapepala m'mankhwalawa n'kuwaumitsa, njira yomwe yagwiritsidwa ntchito kwambiri powalowetsa m'ndende za ku Britain kudzera m'makalata. Mankhwalawa sanunkha ngati chamba, ndipo zipangizo wamba zoyezera chamba mumkodzo siziwaona. Ichi ndi chimodzi mwa zifukwa zomwe akaidi komanso anthu omwe amayezedwa kuntchito amawakondera. Kutsika mtengo kwake kwachititsanso kuti afale pakati pa anthu osowa pokhala m'mizinda ya ku Britain ndi ku America.

Momwe amagwirira ntchito m'thupi

M'thupi la munthu muli timalo tolandirira uthenga totchedwa CB1 ndi CB2. CB1 imapezeka kwambiri muubongo, ndipo imakhudza kukumbukira, chilakolako cha chakudya, kumva ululu ndi kayendedwe ka thupi. CB2 imapezeka makamaka m'maselo a chitetezo cha m'thupi. THC ikafika pa CB1 imaidzutsa pang'ono chabe, motero mphamvu yake imakhala ndi polekezera. Makemikolo ambiri ochita kupanga amamatirira pa CB1 mwamphamvu ndipo amaidzutsa kotheratu, choncho kachidutswa kochepa kamachita zazikulu. Mwachitsanzo, poyeza mu labotale padapezeka kuti AMB-FUBINACA ndi yamphamvu kuwirikiza ka 85 kuposa THC.

Kusiyana kwina nkwakuti ambiri mwa makemikolowa sadayesedwepo pa anthu asadafike pamsika. Ena akaphwanyidwa m'chiwindi amasanduka makemikolo ena omwe amapitiriza kugwira ntchito pa ubongo, zomwe zimatalikitsa vutolo.

Zotsatira pa umoyo

Wosuta amayamba kumva mphamvu yake pakangopita mphindi zochepa. Poyamba amatha kumva kukoma ndi kumasuka monga zimakhalira ndi chamba. Koma zizindikiro zoopsa zimabwera kawirikawiri: mtima kugunda mothamanga, kupweteka pachifuwa, kusanza, chizungulire, mantha aakulu, ukali, kusokonezeka maganizo, kumva mawu kapena kuona zinthu zomwe palibe. Ena amagwa n'kumaphupha ngati wodwala khunyu, ena amangouma pamalo amodzi osayankha, ena amakomoka. Madokotala aonanso anthu omwe impso zawo zidasiya kugwira ntchito mwadzidzidzi, omwe adadwala mtima kapena sitiroko adakali achinyamata, ndi ena omwe adamwalira.

Munthu akazolowera kusuta amafuna mlingo wokulirapo kuti amve chimodzimodzi. Akasiya mwadzidzidzi amavutika ndi chibaba, kusowa tulo, thukuta, kunjenjemera, mutu ndi nseru. Kwa amene ali kale ndi matenda a maganizo, mankhwalawa amatha kudzutsa kapena kukulitsa matendawo.

Palibe mankhwala enieni ochotsa mphamvu ya chamba chochita kupanga m'thupi. Kuchipatala amathandiza wodwala malinga ndi zizindikiro: amamuika diripi, amamuthandiza kupuma, ndipo amamupatsa mankhwala a gulu la benzodiazepine kuti aleke kuphupha kapena kulusa. Naloxone, mankhwala omwe amatsitsimula munthu amene wamwa heroin wambiri, sathetsa mphamvu ya ma cannabinoid, koma amathandiza ngati m'zomwe wasuta mudasakanizidwa mankhwala a gulu la opioid. Munthu amene wakomoka amayenera kugonekedwa chammbali kuti asatsamwe ndi masanzi, n'kumuthamangitsira kuchipatala.

Ngozi zodziwika

Pa 12 Julayi 2016, anthu 33 adapezeka akudzandira kapena ali kwala m'dera limodzi la Brooklyn mumzinda wa New York atasuta mankhwala omwe mudali AMB-FUBINACA. Kemikolo yomweyi idakhudzidwanso ndi imfa za anthu ambiri ku New Zealand mu 2017 ndi 2018. Mu 2018, anthu oposa 150 m'chigawo cha Illinois ku America adayamba kutaya magazi m'mphuno, m'nkhama ndi mumkodzo, ndipo ena adamwalira. Zomwe adasuta zidapezeka ndi brodifacoum, mankhwala ophera makoswe omwe amaletsa magazi kuundana. Odwalawo adafunika kumwa vitamini K kwa miyezi ingapo.

Mu Africa, mankhwalawa afala pa zilumba za Mauritius ndi Mayotte. Kumadzulo kwa Africa kuli mankhwala otchedwa kush omwe avutitsa achinyamata ku Sierra Leone, Liberia ndi Guinea. Atayeza kush adapezamo MDMB-4en-PINACA, yemwe ndi cannabinoid wochita kupanga, komanso ma opioid amphamvu otchedwa nitazene. Mu Epulo 2024, mtsogoleri wa dziko la Sierra Leone, Julius Maada Bio, adalengeza kuti dziko lake lili pa ngozi chifukwa cha mankhwala osokoneza bongo.

Malamulo

Dziko la Germany lidaletsa JWH-018 mu Januwale 2009, ndipo Britain idaletsa gulu loyamba la makemikolowa mu Disembala chaka chomwecho. Ku America, bungwe la DEA lidaletsa makemikolo asanu mu Malichi 2011, ndipo mu 2012 padatuluka lamulo lowonjezera ena. Mu 2015, bungwe la United Nations lidaika JWH-018 ndi AM-2201 pa mndandanda wa mankhwala olamulidwa pansi pa pangano la 1971.

Vuto la malamulo oyambawa lidali lakuti ankatchula kemikolo iliyonse ndi dzina lake. Boma likaletsa imodzi, opanga ankangosintha kachigawo kochepa ka kapangidwe kake, n'kutuluka ina yomwe lamulo silikuidziwa. Nthawi zambiri yatsopanoyo inkakhala yamphamvu kuposa yoyamba. Bungwe la European Union loona za mankhwala osokoneza bongo lalemba mitundu yoposa 200 chiyambire 2008.

Pofuna kutseka mpata umenewu, mayiko ayesa njira zosiyanasiyana. Britain idakhazikitsa lamulo la Psychoactive Substances Act, lomwe lidayamba kugwira ntchito mu Meyi 2016 ndipo limaletsa kupanga ndi kugulitsa chinthu chilichonse chosokoneza bongo kupatula zomwe zidaloledwa, monga mowa, fodya ndi khofi. Masitolo ambiri adatsekedwa, koma malondawo adasamukira kwa ogulitsa mobisa. New Zealand idayesa njira ina mu 2013 polola kuti mitundu ina igulitsidwe ndi chilolezo, koma mu Meyi 2014 zilolezozo zidalandidwa anthu atadandaula. China, komwe ufa wambiri unkapangidwa, idaletsa gulu lonse la makemikolowa kuyambira pa 1 Julayi 2021. Izi zitachitika, padayamba kupezeka makemikolo a kapangidwe katsopano, ndipo ogulitsa ena adayamba kutumiza zipangizo zosamaliza kuti ogula akamalizire okha kupanga.

Kusiyana ndi mankhwala a kuchipatala

Alipo ma cannabinoid ochita kupanga omwe ndi ovomerezeka kuchipatala. Dronabinol ndi nabilone adavomerezedwa ku America mu 1985 kuti azithandiza odwala khansa omwe akusanza chifukwa cha mankhwala a matendawo, ndipo pambuyo pake dronabinol adaloledwanso kwa odwala Edzi omwe ataya chilakolako cha chakudya. Mankhwalawa adayesedwa, mlingo wake umadziwika, ndipo amaperekedwa ndi dokotala, zomwe sizili choncho ndi Spice, K2 kapena kush.