Ndewu za ana m'makomboni a Lusaka, kuchoka pabwalo kufika pa foni

Makomboni monga George, Chawama, Kanyama ndi Kalingalinga anakula mofulumira dziko la Zambia litalandira ufulu mu 1964, pamene malamulo a atsamunda oletsa anthu akuda kukhala m'tauni popanda ntchito anatha mphamvu, ndipo ngakhale lamulo la nyumba la 1974 linavomereza ena mwa malowa, mabwalo osewerera ana sanaganiziridwe kwenikweni. Ana ankakulira m'tinjira ta pakati pa nyumba ndi pa mipopi ya madzi, ndipo ndewu zawo zinali ndi dongosolo lodziwika. Lotchuka linali kuvalila, komwe ku Malawi amati kutsekera, kutanthauza kusunga mangawa mpaka tsiku lotsekera sukulu, pamene mphunzitsi sakanathanso kulanga munthu. Anyamata okulirapo ankaunjika timilu tiwiri ta mchenga n'kunena kuti ndi mawere a amayi a olimbanawo, ndipo wofafaniza mulu wa mnzake ndiye ankakhala atayamba ndewu.

Mwambowu unali wankhanza ndithu, koma unali ndi mathero, chifukwa mayi aliyense wodutsa ndi ndowa pamutu ankaleretsa, ndipo manyazi a wogonja ankazilala tchuti chisanathe. Mafoni ojambula atatsika mtengo m'zaka za m'ma 2010, Facebook, WhatsApp ndi TikTok zinasintha udindo wa woonerera, pakuti amene kale akanagwira mkono wa womenya tsopano amasuntha kuti ajambule bwino, ndipo mwana womenyedwa ku Mtendere amasekedwa ku Matero ndi anthu osamudziwa, ngakhale patapita zaka.

Nkhani yomwe inagwedeza dziko inachokera ku Kitwe mu 2018, pamene kanema wa gulu la Tokota Boys likuzunza mnyamata anafala paliponse ndipo apolisi anamanga ambiri a gululo, zomwe zinaonetsa kuti kanema yemweyo angathe kukhala umboni. Boma linakhazikitsa lamulo la milandu ya pa intaneti mu 2021, limene linalowedwa m'malo ndi malamulo atsopano mu 2025, komanso Children's Code Act ya 2022, ndipo chaka chomwecho msinkhu woimbira mwana mlandu unakwezedwa kuchoka pa zaka 8 kufika pa 12. Komabe kanema akalowa m'magulu a WhatsApp, omwe mauthenga ake ngakhale bungwe loyang'anira za mafoni ndi intaneti la ZICTA silingawawerenge, amasungika m'mafoni ochuluka, ndipo khoti lingalange wojambula koma silingawafufute onse.