Mlimi wa ku Trappe Amene Anakana Bwana Wake

Mukaima pa Boma pano m'mawa, akabaza akamanyamula anthu opita ku boda ya Mwami, tawerengani zipewa zolembedwa NY. Zilipo zambirimbiri, zonse za pa kaunjika. Ovalawo ambiri sadziwa kuti zilembozo ndi chizindikiro cha New York Yankees, timu ya baseball. Inenso sindinkadziwa. Nditayamba kufufuza ndinakumana ndi munthu amene sanachokenso m'mutu mwanga: Frank Baker.

Baseball ikufanana ndi raundasi ija tinkasewera ku pulaimale. Wina aponya mpira, iwe uumenya ndi chibonga, kenako uthamange kudutsa malo atatu n'kubwerera poyambira. Ukaumenya mpaka kudumpha mpanda, imeneyo ndiye home run. Baker ankalondera malo achitatu, pamene mpira umabwera ngati mwala wa pa legeni.

Anabadwa pa 13 Malichi 1886 ku Trappe, kamudzi ka alimi m'chigawo cha Maryland ku America. Mu 1908, nthawi imene kuno kunkatchedwa Fort Manning, analowa timu ya Philadelphia Athletics ya Connie Mack. Mack ndiye anali mphunzitsi, komanso anali ndi gawo pa umwini wa timuyo. Ndi Baker, Athletics inatenga chikho cha World Series mu 1910, 1911 ndi 1913.

Dzina linamumatirira mu 1911. Pa masewero awiri otsatizana olimbana ndi New York Giants anadumphitsa mpira mpanda, koyamba kwa Rube Marquard, kachiwiri kwa Christy Mathewson, akatswiri oponya a nthawiyo. Kuyambira pamenepo anangokhala "Home Run" Baker. Zaka zinayi zotsatizana, 1911 mpaka 1914, palibe anamuposa pa ma home run mu American League. Manambala ake mungaseke: 11, 10, 12 ndi 9. Komatu mpira wa masiku amenewo sunkauluka. Ankausewera womwewo mpaka kuda ndi kufewa, ndipo mabwalo anali aakulu.

Chimene chandikoka ine si zikhozo ayi. Ndi chaka cha 1915.

Mu 1914 Athletics inagonja masewero onse anayi kwa Boston Braves. Ligi yatsopano ya Federal League inkakopa osewera ndi malipiro okwera, ndipo Mack anayamba kugulitsa akatswiri ake. Baker, amene anali atasaina kontrakiti ya zaka zitatu, anapempha kuti amuwonjezere malipiro. Mack anakana. Masiku amenewo m'makontrakiti munali ndime yomangirira wosewera ku timu yake: sungapite kwina pokhapokha bwana akugulitse. Njira zinali ziwiri, kugonja kapena kusiya.

Baker anasiya. Ali ndi zaka 29, mphamvu zili pachimake, anabwerera kumunda kwake ku Trappe. Chaka chonsecho ankangosewerera katimu kakang'ono ka ku Upland, ku Pennsylvania. Mu 1916 Mack anamugulitsa ku Yankees, eni zipewa zathu zija.

Apa ndi pamene ndimaima n'kuganiza za kwathu. Ife a ku Mchinji tikuwadziwa matenanti a m'maesiteti a fodya. Munthu amachoka kutali ndi banja lake, amadya chimanga cha ngongole chaka chonse, ndipo mtengo wa fodya wake amautchula ndi mwini esiteti. Akadandaula apita kuti? Baker naye anali womangidwa ndi pepala, koma anali ndi chinthu chimodzi chimene tenanti alibe: munda wakewake. Ankadziwa kuti akakana sagona ndi njala. Ambiri mwa anzake, ana a m'migodi ndi m'mafakitale, sakanayerekeza. Kulimba mtima n'kwabwino, abale, koma kumafuna nkhokwe kuseri kwa nyumba.

Anasiyanso kachiwiri, ulendo uno osati chifukwa cha ndalama. Mu 1920 mkazi wake anamwalira ndi matenda a scarlet fever, kumusiyira ana aakazi awiri aang'ono. Chaka chimenecho sanasewerere Yankees, anakhala pakhomo kulera anawo. Pobwerera mu 1921 anapeza dziko litasintha. Mnzake wa m'timu yomweyo, Babe Ruth, anali atamenya ma home run 54 mu 1920, ndipo mu 1921 anafika 59. Munthu wotchedwa "Home Run" anakhala pambali n'kumaonerera mnyamata akuchita m'zaka ziwiri zoposa zimene iye anachita moyo wake wonse. Anapuma mu 1922 ali ndi ma home run 96.

Kodi anasunga chakukhosi? Zikuoneka kuti ayi. Mu 1924, akuphunzitsa katimu ka ku Easton kufupi ndi kwawo, anaona mnyamata wa pafamu wamphamvu zodabwitsa, Jimmie Foxx. Anamutumiza kwa Connie Mack yemwe uja, ndipo Foxx anadzakhala mmodzi mwa omenya oopsa m'mbiri ya masewerowa. Mu 1955 Baker anamulowetsa mu Hall of Fame, nyumba yolemekezera akatswiri. Anamwalira pa 28 Juni 1963 ku Trappe komweko kumene anabadwira.

Sabata yatha mphwanga amandiuza kuti akufuna kugulitsa munda wa agogo, agule njinga yamoto azikanyamula anthu pa boda. Ndinamufotokozera nkhani yonseyi. Anamvetsera mpaka kumapeto, n'kuvula chipewa chake cha NY, kuchiyang'ana pang'ono, kenako anati, "Achimwene, nanga mtedza wa chaka chatha munagulitsa pa mtengo wanji?"

Ndinalibe yankho labwino. Koma mundawo sanagulitsebe.