A David Rubadiri, mphunzitsi amene adakalera ana a eni

Anzanga ophunzira akale, a Mkonzi adandipempha kuti m'kalata ino ndilembeko za mbiri ya dziko lathu. Ife a kuno ku Kasungu tikangomva za mbiri timathamangira kwa Ngwazi Dr. H. Kamuzu Banda, poti anali mwana wa kwathu ndipo minda yawo ya fodya tidakula tikuiona. Ine ndasankha kukamba za munthu amene adasemphana nawo maganizo, nakhala kunja pafupifupi zaka 30. Ameneyu ndi a David Rubadiri, mlembi wa ndakatulo, buku la nthano ndi sewero.

A Rubadiri adabadwa pa 19 July 1930 ku Liuli, tsidya la nyanja m'dziko la Tanganyika, koma kwawo kwenikweni kunali ku Likoma. Sukulu adaphunzira ku Uganda, poyamba pa King's College, Budo, kenaka pa Makerere kuyambira 1952 mpaka 1956. Atabwerera kuno adayamba uphunzitsi, ndipo boma la atsamunda litayamba kugwira anthu a Congress mu March 1959, iwo adali m'gulu la omangidwawo. Atatuluka adapita kukaonjezera maphunziro ku Cambridge, ku Mangalande.

Dziko litalandira ufulu mu July 1964, a Rubadiri adasankhidwa kukhala kazembe woyamba wa Malawi ku America ndi ku United Nations, ali ndi zaka 34 zokha. Koma mpandowo sadaukhalitse. Mu September chaka chomwecho nduna zidaukirana ndi Kamuzu. Zinkadandaula za ndalama ya tiki imene odwala ankalipira kuchipatala, za azungu amene adakakamirabe maudindo akuluakulu m'boma, ndi za ubale ndi Apwitikizi a ku Mozambique. A Kanyama Chiume, a Orton Chirwa ndi a Augustine Bwanausi adachotsedwa, ndipo a Masauko Chipembere, a Yatuta Chisiza ndi a Willie Chokani adatula pansi maudindo awo. A Rubadiri sanali nduna. Akadafuna akadangokhala phee ku New York n'kumadya zawo. Mu 1965 adatula pansi ukazembe, ndipo khomo lobwerera kumudzi lidatsekeka.

M'chaka chomwecho cha 1965 mudatuluka sewero lawo lotchedwa Come to Tea, ndipo mu 1967 adasindikiza ku Nairobi buku la nthano la No Bride Price. Bukuli ndilo ndikufuna tilione pang'ono, makamaka ife amene tikugwira ntchito m'boma. Mwini nkhani ndi Lombe, mnyamata wophunzira amene wakwezedwa pa udindo waukulu mu unduna, m'dziko lina la mu Africa longolandira kumene ufulu. Nduna yake, Chozo, ndi munthu wachinyengo, ndipo Lombe akodwa mu msampha wa ndunayo. Pamapeto asilikali alanda boma. Chimene chimandigwira mtima n'chakuti mlembiyu sadamusandutse Lombe woyera mtima. Ndi munthu wokonda mowa ndi akazi, wosadziwa ngati ali wa kumudzi kapena wa m'tauni, ndipo kufooka kwakeko ndiko kupatsa mpata omudyera masuku pamutu. Aliyense amene adalandirapo lamulo la pakamwa kuchokera kwa akuluakulu, lopanda kalata yoti adzaonetse mawa zinthu zikavuta, amudziwa Lombe. Sindinganene kuti bukuli n'lopanda banga. Mwina limathamanga, anthu ena a m'nkhanimo saoneka bwino. Koma lidalembedwa patangopita zaka zitatu chilandirire ufulu, ambiri akadavina.

Alembi ena akakhala kunja ndi pamene amalemba zambiri. Witold Gombrowicz wa ku Poland, amenenso ankalemba nthano ndi masewero, nkhondo idamupezera ku Argentina mu 1939, ndipo adalemba buku ndi buku mpaka kumwalira ku France mu 1969 osapondanso kwawo. A Rubadiri adalemba buku la nthano limodzi lokha. Mphamvu zawo zidathera m'kalasi. Adaphunzitsa pa Makerere kuyambira 1968 mpaka 1975, pamene nkhanza za Idi Amin zidawathamangitsanso kachiwiri. Adakaphunzitsa pa yunivesite ya Nairobi, kenaka ya Botswana kuyambira 1984. Mu 1971 iwo ndi David Cook adasonkhanitsa buku la Poems from East Africa, limene ana a sukulu a ku Kenya, Uganda ndi Tanzania adakulira. Ndakatulo zawo za An African Thunderstorm ndi Stanley Meets Mutesa zidawerengedwa m'makalasi a maiko ambiri.

Tsono taganizani izi. Mu 1981, pa Mtunthama pompa, padatsegulidwa Kamuzu Academy, sukulu yokongola yophunzitsa Chilatini ndi Chigiriki, aphunzitsi ake oitanidwa kuchokera ku Mangalande. Chaka chomwecho Mmalawi wophunzira ku Cambridge anali ku Nairobi, choko chili kumanja, akusula ana a eni. Sindikunyoza sukuluyo ayi, yatulutsa madokotala ndi maloya amene tikuwadalira. Ndikungoti pamene tinkagula nzeru kutali ndi ndalama zambiri, yathu tinali titaipirikitsa. Ndipo sanali okha: a Legson Kayira adakhazikika ku Mangalande, a Jack Mapanje adamangidwa mu 1987 nakakhala ku Mikuyu mpaka 1991.

Ndale za zipani zambiri zitabwera mu 1994, njira idatseguka. Mu 1997 boma la a Bakili Muluzi lidawabwezera pa mpando womwe uja wa ku United Nations, patapita zaka 32. Mu 2000 adakhala Vice-Chancellor wa University of Malawi, ali ndi zaka 70. Ena a ife tinali pa Chancellor College masiku amenewo, koma tidawapeza ali mkulu wa mu ofesi, nthawi yoti atiphunzitse m'kalasi itapita kale. Adamwalira ku Mzuzu pa 15 September 2018, ali ndi zaka 88.

Pamsonkhano wathu ukubwerawu ndidzapempha komiti kuti pa ndalama zogulira mabuku a mulaibulale ya sukulu yathu, tiikepo No Bride Price ndi Poems from East Africa. Amene ali ndi abale ku Nairobi atithandize kufufuza m'masitolo a mabuku akale.